Ku Chidzolomondo, kaundula wa makolo ayambire kwa amayi

Munthu wa ku Chidzolomondo, m'boma la Macanga m'chigawo cha Tete, ali ndi mizere iwiri ya makolo, koma umene umalembedwa ndi umodzi. Pa chiphaso chake cha unzika, chimene kumeneko amati bilhete, kawirikawiri pamakhala dzina lake, kenako la bambo ake, mwinanso la agogo ake aamuna. Dzina la mayi limalembedwa pamalo pake, koma limathera pomwepo, ndipo pa chiphaso cha mdzukulu silidzaonekanso. Mzere winawo ndi umene umagwira ntchito pamudzi. Ndi umene umanena kuti dimba la kudambo ndi la yani, kuti maliro akagwa uthenga uyambe wafika kwa yani, kuti nkhoswe ya ukwati ndani, kuti mfumu ikagona dzina lidyedwe ndi mwana wa bele liti. Mzere umenewu uli m'mitu mwa amayi okalamba ndi atsibweni, ndipo chaka chilichonse ena mwa iwo amapita nawo kumanda. Maganizo anga ndi akuti mabanja a m'derali, ndi a ku Tsangano komwe, ayambe kulemba mzere wa makolo awo tsopano lino, ndipo aulembe mmene eni akewo amauwerengera, kuyambira kwa mayi amene anabala mbumba. Akangotengera kalembedwe ka m'maofesi, ka bambo kubala mwana wamwamuna, mwanayo kubalanso wamwamuna, adzakhala ndi pepala looneka bwino limene silingawathandize pa mlandu uliwonse wa pabwalo.

Mukapempha agogo aakazi a Chichewa kuti akuuzeni za abale awo, sayambira pa dzina la banja. Amatchula mayi mmodzi wakalekale amene anafika pamalopo ndi alongo ake n'kupempha malo kwa mwini dziko. Akatero amapinda chala choyamba: bele lalikulu, ana a mwana wamkazi woyamba. Amapinda chachiwiri, chachitatu, mpaka kufika pa bele laling'ono. Amuna amawatchula ndithu, koma monga alongo ndi atsibweni oyang'anira mbumba, ndipo ana a amunawo amawasiya kunja kwa chiwerengero, pakuti iwo ndi a mbumba ya amayi awo kumudzi kwina. Bambo amene anabwera chikamwini amakumbukika ndi mudzi umene anachokera. Kawerengedwe kameneka ndi kamene kanasunga ufumu wa Kalonga ndi wa Undi zaka mazanamazana, popeza wolowa ufumu ankayenera kuchokera m'mimba ya Nyangu. Sindikunena kuti mzere wa bambo ulibe ntchito. Mfunda, kaya Phiri, Banda, Mwale kapena Mbewe, anthu ambiri masiku ano amatengera kwa bambo, ndipo kumtunda kwa Tsangano ndi Angónia, kumene Angoni a Maseko anakhazikika ku Domwe cha m'ma 1870, kuli mabanja amene amalowola ndipo ana amakhala a kuchimuna. Midzi yambiri inasakanikirana, khomo ili chitengwa, khomo ilo chikamwini. Kaundula woona ayenera kukhala ndi mbali zonse ziwiri. Ndikulimbikira za kuchikazi chifukwa kuchimuna kuli kale ndi okusamalira: ofesi ya kalembera, sukulu, wogula fodya, onsewo amafunsa dzina la bambo.

Dziko la Makanga lenilenilo, limene lero amalemba Macanga, likutionetsa zimene zimachitika mbali imodzi yokha ikalembedwa. Gonçalo Caetano Pereira, munthu wochokera ku Goa ku India, anafika m'chigwa cha Zambezi cha m'ma 1760 n'kuyamba za golide kumpoto kwa Tete, ndipo anthu anamutcha Dombo-Dombo. Mwana wake Manuel anayenda ulendo wa kwa Mwata Kazembe mu 1796, kutatsala zaka ziwiri kuti Francisco de Lacerda apite komweko n'kukafera konko. Pedro Caetano Pereira, wodziwika kuti Chamatowa, anakhazika ufumu wa Makanga, ndipo mpandowo unakhala m'banjamo mpaka kwa Chinsinga, amene Apwitikizi anamugonjetsa mu 1902. Mndandanda umenewu aliyense angaupeze m'mabuku a Allen Isaacman ndi Malyn Newitt, chifukwa akuluakulu a Chipwitikizi ku Tete ankalemba makalata onena za amunawa, nthawi zina powayamika, nthawi zambiri powaopa. Koma banja lochokera kutsidya kwa nyanja silikanalamulira Achewa ndi mfuti zokha. Linakwatira m'mabanja achifumu a m'dziko la Undi, ndipo pakati pa anthu owerengera ufumu kuchikazi, akazi amenewo ndi amene anachititsa kuti ana awo aoneke ngati eni nthaka. Mayina a amayiwo ndi osowa kwambiri m'zolembedwa. Osowa koposa ndi mayina a Achikunda amene ankanyamula mfuti za Makanga, a alenje amene ankapereka mnyanga wapansi kwa mfumu, a amayi amene ankapeta golide m'mitsinje. Zidzukulu za anthu amenewa ndi zimene zikulima fodya ndi chimanga kuchokera ku Furancungo kufika ku Chidzolomondo lero. N'zomvetsa chisoni kuti banja limodzi lachilendo tingalitsate kubwerera zaka zoposa 250, pamene mlimi wa m'dera lomwelo akafika pa agogo a agogo ake amayamba kukanda m'mutu.

Wina afunsa kuti mbumba yakhala ikukumbukika popanda pensulo kuyambira kalekale, nanga lero chavuta n'chiyani. Chavuta n'chakuti mbiri ya pakamwa imafuna anthu okhala pamodzi, agogo ndi adzukulu pamoto umodzi, manda ali pafupi, ndipo dera lino lakhala likubalalitsidwa mobwerezabwereza. Pangano la Angerezi ndi Apwitikizi la mu 1891 linaika malire pakati pa midzi ya pachibale, motsata mapiri a Dzalanyama ndi mzere wa mapiri otsikira ku Ntcheu. Chibalo ndi msonkho zinathamangitsira anthu ku Nyasaland, ku Rhodesia ndi kumigodi ya ku Joni, ena osabwerako, kusanduka matchona. Undi mwini anasamuka ku Mano n'kukakhala ku Katete m'dziko la Zambia, kumene Kulamba kumachitikira ku Mkaika mwezi wa August uliwonse. Nkhondo ya ufulu itayaka mu Tete mu 1968, atsamunda anasonkhanitsa anthu m'midzi yokakamiza, kutali ndi manda ndi minda yawo. Ufulu utabwera mu 1975, boma latsopano linachotsa mafumu pa udindo, ndipo anadzavomerezedwanso ndi lamulo m'chaka cha 2000. Pakati pa zaka zimenezo panadutsa nkhondo ya Frelimo ndi Renamo, imene makamaka kuyambira mu 1986 inakokolola midzi yathunthu kupita nayo ku Dedza, Ntcheu, Lilongwe ndi Mwanza. Pamene mtendere unkasainidwa ku Rome pa 4 October 1992, Malawi inali kusunga othawa kwawo oposa miliyoni imodzi. Ambiri anabwerera, koma anasiya kumeneko manda a makolo, ana aakazi okwatiwa ndi adzukulu obadwira m'midzi ya abale. Maofesi a kalembera m'maboma ambiri anapsa pamodzi ndi mabuku ake. Ndipo ngati kuti sizinakwane, mu 2015 ndi 2016 anthu oposa 10,000 ochokera m'chigawo chomwechi anakadzazanso pa Kapise ku Mwanza. Mtsikana amene anali ndi zaka 20 mu 1968, amene anamva mayina kuchokera pakamwa pa anthu oona nkhondo ya Chinsinga, lero wapitirira zaka 75. Mwana wobadwira ku Dedza mu 1992 ndi kholo la ana a sukulu. Akulu amati chibale ndi fupa, sichiola, ndipo n'zoona pa anthu odziwana. Mayi wokalamba uja ndi wobadwira ku Dedza uja akapanda kukhala pansi pamodzi m'zaka zochepa zikubwerazi, ana a msuweni ndi ana a mlongo adzakumana pamsika wa pamalire osadziwa kuti atchulane chiyani.

Pamene nkhaniyi yafika pothina ndi pa minda. Lamulo la malo la Mozambique, nambala 19 la chaka cha 1997, limati nthaka ndi ya boma, koma limavomereza ufulu wa anthu okhala ndi kulima pamalo motsata mwambo wa makolo ngakhale alibe pepala. Limanenanso kuti umboni wa pakamwa wa anthu a m'mudzi, amuna ndi akazi, ndi wokwanira kutsimikiza ufuluwo, umene amautcha DUAT, ndi kuti umasiyidwa kwa olowa m'malo mosasankha mwamuna kapena mkazi. Ndi lamulo labwino, ndipo mayiko ambiri alibe lotere. Koma mphamvu yake yagona pa mboni, ndipo mboni zimafa. Umboni wa munda pamudzi ndi mzere wa makolo basi: anaswa mphanje pano ndi agogo akuti, anasiyira mwana wawo wamkazi uje, ujeyo anabwereka ndime ya kumunsi kwa mlamu wake chaka chobwerera ku Malawi. Mu 2015 boma linakhazikitsa ndondomeko ya Terra Segura yofuna kupereka zikalata za malo zokwana 5 miliyoni. Cholinga n'chabwino, koma taganizani za tsiku limene oyeza malo afika pamudzi wa chikamwini n'kufunsa kuti mutu wa banja ndani. Amene amaimirira ndi mwamuna, chonsecho pamundapo iye ndi wobwera. Dzina lake likalowa lokha pa chikalata, tsiku limene ukwati udzathe kapena mkazi adzamwalire, abale a mwamuna adzagwira pepala m'manja pamene mbumba idzakhala ndi mawu okha. Anthu a ku Moatize, m'chigawo chomwechi, anaona zimenezi mwa njira ina mu 2009 ndi 2010, pamene mabanja mazanamazana anasamutsidwira ku Cateme kupereka malo ku mgodi wa malasha: mwadzidzidzi aliyense anafunika kufotokoza kuti munda uwu ndi manda awa ndi a yani, ndipo anafika bwanji m'manja mwake. Kope la mbumba silingalowe m'malo mwa chikalata cha boma, koma limachititsa kuti mboni zilankhule chimodzi, ndi kuti wakufa asiye mawu.

Chotsutsa choyamba chimene chili ndi mutu n'chakuti okalamba amasokoneza. Zimenezi n'zoona, ndipo chifukwa chake chili m'mwambo momwemo. Munthu akadya dzina la malume ake amatenganso chibale chonse cha malemuyo, kotero kuti mfumu ya lero ingathe kunena kuti ine ndinachokera ku Mano, kutanthauza mwini dzina woyamba wa zaka mazana zapitazo. Mibadwo isanu imaphwanyika kukhala iwiri, ndipo amene analibe ana amagwera m'mphako. Palinso kukonza mbiri mwadala kuti bele lina lioneke lalikulu. Koma zimenezi zikutiuza mmene tingalembere bwino, sizikutiletsa kulemba. Pambali pa dzina lililonse palembedwe amene wanena ndi tsiku limene wanenera. Agogo awiri akasiyana, mawu a onse awiri alembedwe, wolemba asaweruze. Zaka zimene sizidziwika zimangiriridwe pa zinthu zodziwika: nkhondo ya Chinsinga, nkhondo ya Makombe ya mu 1917, njala ya mu 1949, chaka cholowa m'midzi yokakamiza, chaka chothawa. Kenako pali mabuku a ubatizo a mishoni zakale za m'dera lino, monga Lifidzi ku Angónia ndi Fonte Boa ku Tsangano, ndi a mipingo ya m'Malawi imene inabatiza ana a othawa nkhondo. Tisaiwalenso kuti pepala nalo limanama. Alembi a atsamunda ankangoyerekeza zaka za munthu pomuyang'ana nkhope, ndipo mayina ankawalemba mwa Chipwitikizi, kotero kuti Mwale wa ku Malawi ndi Muale wa ku Mozambique, ana a mimba imodzi, pa makalata amaoneka ngati anthu osadziwana.

Chotsutsa chachiwiri n'cholemera kuposa apo, ndipo sindichipeputsa. M'dziko limene munali Achikunda, ogula anthu ndi nkhondo za Angoni, mabanja ambiri ali ndi kholo limene silinabwere mwa kufuna kwake. Ena anagwidwa pankhondo, ena anaperekedwa kulipira mlandu, ena anasinthidwa ndi chakudya nthawi ya njala. Mafumu ankakwatira akazi otere podziwa kuti ana awo sadzakhala ndi malume wowaitanitsa. Midzi inapeza mtendere mwa kuiwala mwadala: mdzukulu wa kapolo anayamba kutchedwa mphwa, ndipo zinatha. Amene amaopa kuti kope lidzafukula zimenezi, n'kuyambitsanso milandu ya ufumu ndi kulandana minda, akuopa chinthu chenicheni. Yankho langa lili pawiri. Choyamba, zinthuzi sizinaiwalike monga mmene timadzinamizira. Zimatuluka pa mowa, zimatuluka pa mlandu wa ufumu, zimanong'onezedwa mnyamata akafuna kufunsira mbeta, ndipo zimatuluka ngati chida m'manja mwa wofuna kupweteka mnzake, nthawi imene wonenedwayo alibe choyankha. Banja lolemba mbiri yake lokha limasankha mawu ake: anabwera kuchokera kwakuti nthawi ya nkhondo, analandiridwa ndi akuti, anapatsidwa munda wakuti, wabala anthu awa. Mibadwo inayi yolima pamalo amodzi ndi umboni wolimba pamaso pa lamulo la 1997 lija, limene limavomereza ngakhale munthu amene walima pamalo mosabisa kwa zaka khumi. Manyazi a ukapolo ayenera kukhala pa amene anagwira ndi kugulitsa anzawo. Chachiwiri, zimene ndikupempha si kaundula wa mudzi wonse wosungidwa kwa mfumu kapena ku ofesi ya boma, umene munthu wina angautsegule kuti aone za eni ake. Mbumba iliyonse ilembe zake, isunge yokha, ndipo zimene akulu agwirizana kuti zigone zisiyidwe. Ndikuvomereza kuti ngakhale zitatero, pena padzabuka mkangano umene ukanadikira zaka zina. Koma mkangano wobuka agogo akadali moyo umakhala ndi wouthetsa.

Palinso amene amati munthu wosowa feteleza alibe nthawi yowerenga akufa, ndi ena amene amati sayansi idzatichitira zonse poyeza malovu. Kwa oyambawo, kope la sukulu ndi cholembera mtengo wake sufika pa wa nkhuku, pamene mlandu wa munda umadya mbuzi. Kwa enawo, kuyeza kwa DNA kulidi ndi mbali imene imatsata mzere wa mayi wokhawokha, kuchoka kwa mayi kupita kwa mwana, monga mmene Achewa amawerengera. Koma kumachitikira kunja, n'kokwera mtengo, ndipo kungakuuzeni kuti muli pachibale ndi anthu a ku Kasungu kapena ku Katete osakuuzani dzina la mayi amene anawoloka mtsinje ali ndi mwana kumbuyo, kapena mtengo umene anamuika pansi pake.

Ntchitoyi ili ndi poyambira kale. Kuyambira mu 2004 maphunziro a pulayimale ku Mozambique amasiya gawo limodzi mwa magawo asanu a nthawi ya m'kalasi kuti ana aphunzire za kwawo, ndipo Chinyanja ndi chimodzi mwa zilankhulo ziwiri zimene boma linayesera kuphunzitsira ana m'chilankhulo chawo pakati pa 1993 ndi 1997, mu Tete momwemu. Palibe phunziro la kwawo loposa kutuma mwana wa kalasi yachisanu kapena yachisanu ndi chimodzi kuti akakhale pa mkeka ndi agogo ake madzulo, kope lili pamwendo. Pamwamba pa tsamba alembe dzina la mayi wa mbumba, mfunda wake, kumene anachokera ndi kumene anaikidwa. Bele lililonse likhale ndi tsamba lakelake. Pa munthu aliyense alembe dzina la paubwana, dzina la kuchinamwali kapena la ubatizo, dzina limene anadya ngati liripo, ndi dzina la pa chiphaso monga linalembedwera, pakuti munthu mmodzi amayenda ndi mayina anayi ndipo wofufuza wa mawa adzaganiza kuti ndi anthu anayi. Ana omwalira ali aang'ono alembedwe, osabereka alembedwe, matchona alembedwe pamodzi ndi malo amene anamvekera komaliza. Kumapeto kukhale masamba a kuchimuna: bambo aliyense, mudzi wake, mfumu yake, malume ake. Samuel Ntara, mphunzitsi wa mishoni ya Nkhoma, anayenda mwa akuluakulu m'zaka za m'ma 1940 kusonkhanitsa zimene zinadzakhala Mbiri ya Achewa, ndipo mpaka lero timadalira buku lakelo. Iye anatsata mafumu. Za anthu wamba palibe mlendo kapena katswiri amene adzazilembe, chifukwa n'zochuluka kwambiri ndipo aliyense amadziwa za pakhomo pake zokha.

Nthawi yabwino ndi ya chilimwe, chimanga chili m'nkhokwe ndipo fodya wagulitsidwa, pamene mabanja amamanga ziliza ndipo abale a ku Malawi, a ku Tete ndi a ku Joni amabwera. Pamenepo kope liwerengedwe mokweza aliyense akumva, amene akudziwa bwino akonze, ana obadwa chaka chimenecho awonjezedwe. Makope akhale awiri, lina kwa mayi wamkulu wa mbumba, lina kwa nkhoswe, popeza tikudziwa zimene moto, chiswe ndi nkhondo zinachita ndi mapepala a m'dera lino, ndipo masamba ake ajambulidwe pa foni n'kutumizidwa kwa abale a tsidya lina la malire. Mafumu amene amapita ku Mkaika kuchokera ku Macanga, Tsangano, Dedza ndi Lilongwe angathe kuikambirana nkhaniyi kumeneko, pakuti ndi malo amodzi amene eni mbumba a mayiko atatu amakhalira pansi limodzi. Kwa ansembe ndi abusa osunga mabuku akale a ubatizo ndi ukwati, pempho ndi lakuti aike tsiku pamwezi limene munthu wobwera ndi kope la mbumba yake angaloledwe kufufuza dzina la agogo ake popanda kulipira, ndi kuti mabuku amene ayamba kuthetheka akopedwe asanathe.